Ndiwerenge mabuku ati kuti ndidziwe mmene ana amaphunzirira?

Funso lachokera kwa mayi wina wa ku Rosettenville, mumzinda wa Johannesburg kuno ku South Africa: "Loweruka lililonse ndimathandiza ana 14 a Amalawi anzathu pa ntchito ya kusukulu, kuyambira wa Giredi 3 mpaka wa matiriki (Giredi 12). Kumudzi ndinaphunzitsapo pulayimale. Ana amandiuza kuti amva, koma likafika Loweruka lina aiwala zonse. Ndikufuna mabuku ofotokoza zimene akafukufuku anapeza pa kaphunziridwe ka munthu, koma ndalama ndi zochepa. Ndiyambire pati?"

Mayi, mabuku ogula akhale awiri okha, ndipo thumba likavuta limodzi likwanira. Zina zofunika zili pa intaneti kwaulere. Tiyambe ndi dandaulo lanu la kuiwala, chifukwa ndilo litilozere buku loyamba.

Kuiwala kumene mukuona si ulesi wa ana. Hermann Ebbinghaus wa ku Germany anakuyeza kale mu 1885, ndipo anapeza kuti zambiri zimene munthu waloweza zimathawa m'maola oyambirira ndi tsiku loyamba, kenako kuiwalako kumapita pang'onopang'ono. Mwana amene wakumana ndi mutu kamodzi Loweruka, osaukhudzanso masiku 6, akuchita zimene ubongo wa munthu aliyense umachita. Buku lofotokoza bwino chochita nazo ndi Make It Stick la mu 2014, lolembedwa ndi Peter Brown, Henry Roediger ndi Mark McDaniel. Mtima wa bukuli ndi kafukufuku amene Roediger anachita ndi Jeffrey Karpicke mu 2006. Anapatsa ophunzira a ku yunivesite nkhani yaifupi. Gulu lina linaiwerenga mobwerezabwereza m'magawo anayi. Gulu lina linawerenga gawo limodzi lokha, kenako katatu konse linalemba zonse zimene likukumbukira, pepala la nkhaniyo litachotsedwa. Atawayesa patangopita mphindi 5, obwereza kuwerenga anapambana: anakumbukira mfundo 83 pa 100 zilizonse pamene anzawo anakumbukira 71. Patatha sabata zinatembenuka. Obwereza kuwerenga anatsala ndi 40, odzifunsa okha aja anatsala ndi 61. Chodabwitsa n'chakuti atawafunsa atangomaliza kuphunzira kuti akuganiza kuti adzakumbukira bwanji, obwereza kuwerengawo ndiwo anali odzikhulupirira kwambiri.

Apa ndi pamene pagona "tamva" wa ana anu. Mwana akawerenga tsamba kachitatu, mawu onse amaoneka odziwika, ndipo iye amayesa kuti kuwazindikira ndiko kuwadziwa. Zili ngati munthu wokwera taxi tsiku lililonse kupita m'tauni: msewu uliwonse akuuzindikira, koma mum'patse chiwongolero kuti ayende yekha, pa mphambano yachiwiri waima. Mayeso safunsa ngati ukuzindikira yankho. Amafuna ulitulutse m'mutu popanda chokukumbutsa, ndipo kutulutsako ndi luso lofuna kuyeserera palokha.

Choncho mphindi 10 zoyambirira za Loweruka zikhale za makope otseka. Funsani mafunso asanu: awiri a sabata yatha, awiri a mwezi watha, limodzi la teremu yatha. Mwana aliyense alembe mayankho papepala. Musalole kukweza manja, chifukwa oyankha adzakhala atatu omwewo ndipo enawo adzangomvera. Akamaliza, perekani mayankho olondola nthawi yomweyo, aliyense adzichonge yekha. Njirayi imaonongeka m'malo odziwika. Mukapanda kupereka yankho lolondola, mwana amaloweza cholakwa chake. Mukayamba kulemba malikisi ndi kuuza makolo, ana amayamba kuonera ndi kuopa, phindu lonse n'kutha. Mafunso akakhala ovuta moti ana ambiri akulephera oposa theka, sakukumbukira kanthu, akungolota. Ndipo mafunso onse akakhala a "kodi ichi n'chiyani", ana amadziwa matanthauzo koma osatha kugwiritsa ntchito. Limodzi mwa asanuwo lizikhala la "chifukwa chiyani" kapena samu yeniyeni.

Bukuli likambanso za mpata pakati pa kubwereza. Nicholas Cepeda ndi anzake anayesa anthu oposa 1,300 mu 2008 ndipo anapeza kuti mpata wabwino umadalira kutalika kwa nthawi yofika pa mayeso. Mayeso akakhala sabata yamawa, bwerezani patapita tsiku limodzi kapena awiri. Akakhala patsogolo miyezi ingapo, mpata wa masabata atatu ndi wabwino. Anapezanso kuti kutalikitsa mpata mopyola sikuononga kwambiri ngati kuufupikitsa. Wa matiriki wanu amayamba kulemba kumapeto kwa Okutobala, ndiye mutu umene waphunzira mu Malichi aukhudzenso mu Epulo, kenako mu Juni, kenako mu Ogasiti. Ola limodzi logawidwa katatu limaposa ola lomwelo la usiku umodzi.

Pa masamu pali chinanso. Mabuku ambiri a sukulu amapereka masamu 20 a mtundu umodzi motsatizana, ndipo pofika pa yachinayi mwana waleka kuwerenga funso, akungobwereza njira. Doug Rohrer ndi anzake anayesa makalasi 54 a Giredi 7 ku Florida, zotsatira n'kuzifalitsa mu 2020. Ana amene ankapatsidwa masamu osakaniza mitundu anapeza 61 pa 100 pa mayeso odzidzimutsa patatha mwezi, pamene a mtundu umodzi umodzi anapeza 38. Kusakaniza kumakakamiza mwana kusankha yekha njira, ndipo kusankhako ndiko kumagwetsa ambiri m'chipinda cha mayeso. Musasakanize tsiku loyamba la mutu watsopano: ayambe wachita masamu anayi kapena asanu ofanana mpaka njira igwire, kusakaniza kubwere sabata yotsatira. Kwa akuluakuluwo, mapepala a mayeso a zaka zapitazo ndi osakaniza kale, ndipo Department of Basic Education, nthambi ya boma yoona za sukulu, imawaika pa intaneti kwaulere pamodzi ndi mayankho ake.

Ngati simungapeze Make It Stick, John Dunlosky ndi anzake anayerekeza njira 10 zowerengera mu 2013, ndipo iye analemba chidule chake m'magazini ya American Educator chaka chomwecho, chimene chili chaulere. Kudzifunsa mafunso ndi kugawa nthawi yobwereza ndizo zinatuluka pamwamba. Kubwereza kuwerenga ndi kudula mizere ya cholembera chowala zinali pansi, ndipo ndi zomwezo zimene ana athu amakonda.

Buku lachiwiri, limene kwa mphunzitsi ine ndingaliike patsogolo, ndi Why Don't Students Like School? la Daniel Willingham, katswiri wa zamaganizo wa ku University of Virginia. Linatuluka mu 2009 ndipo analikonzanso mu 2021, kuwonjezera mutu wa zipangizo zamakono. Mukapeza lakale lotchipa, tengani, silinathe ntchito. Make It Stick limauza wophunzira mmene angawerengere, pamene ili limauza mphunzitsi zimene zikuchitika m'mutu mwa mwana pamene akuphunzitsidwa.

Mfundo yake yoyamba ndi yakuti malo amene munthu amaganizira ndi opanikiza. Nelson Cowan anaonetsa mu 2001 kuti timatha kugwira zinthu zatsopano pafupifupi zinayi nthawi imodzi. Mwana wa Giredi 6 amene akuchita samu yogawa yaitali, koma 7 kuchulukitsa ndi 8 akuwerengabe zala, malo onse athera pa zalazo ndipo njira ya samuyo yagwa. Mankhwala ake ndi matebulo olowezedwa mpaka yankho lizituluka lokha. Kuloweza kunanyozeka kwambiri m'zaka zapitazi, ngati kuti ndi mdani wa kuganiza. Choipa ndi kuloweza chinthu chimene sunachimvetse. Koma chimene wachimvetsa n'kuchiloweza chimamasula mutu kuti uganize zazikulu. Aphunzitsi akale otiimbitsa matebulo m'mawa uliwonse sanalakwitse pamenepa.

Yachiwiri ndi yakuti mwana amakumbukira chimene anachiganizira, osati chimene inu munafuna kuti aganizire. Mukawapatsa mphindi 40 zojambula chithunzi cha mmene mvula imapangikira, ndipo mphindi 35 zathera posankha makrayoni, adzakumbukira mitundu ya mitambo. Pokonza phunziro lililonse dzifunseni kuti pa mphindi iyi mwana akhala akuganiza chiyani kwenikweni.

Yachitatu ikukhudza ana athu kuno mwapadera. Kumvetsa nkhani kumadalira zimene ukudziwa kale za nkhaniyo. Donna Recht ndi Lauren Leslie anapatsa ana nkhani ya masewera a baseball mu 1988. Ana ofooka pa kuwerenga koma odziwa masewerawo anaimvetsa kuposa akatswiri owerenga osawadziwa. Mwana amene wangofika kuchokera ku Mangochi akapatsidwa nkhani ya migodi ya golide kapena ya zimene zinachitika ku Soweto mu 1976, vuto lake silikhala Chingerezi chokha, dziko la nkhaniyo salidziwa. Musanam'patse nkhani, tengani mphindi zisanu mum'fotokozere malowo ndi mawu anayi kapena asanu ovuta, ngakhale m'Chichewa. Kumeneko si kubera.

Chaulere choyamba choti musindikize sabata ino ndi nkhani ya Barak Rosenshine yotchedwa Principles of Instruction, ya mu American Educator ya 2012. Ndi masamba ochepa, mfundo 10, zotengedwa poona zimene aphunzitsi okhozetsa ana amachita: kuyamba ndi kubwereza, kuphunzitsa pang'onopang'ono, kuonetsa chitsanzo chathunthu mwana asanayese yekha, kufunsa mafunso ambiri. Iye akuti pamene ana akuyeserera muli nawo pafupi, azikhoza pafupifupi 80 pa 100. Akamakhoza zonse ntchito yachepa, akamalephera theka mwathamanga. Akuchenjezanso za funso lakuti "mwamva?". Kwa ana athu chenjezoli ndi lalikulu kuposa mmene iye ankaganizira, chifukwa mwana woleredwa mwaulemu sangauze mayi wamkulu kuti "sindinamve". Adzati "eya" ndi kuweramitsa mutu. M'malo mwake nenani kuti "tafotokozera mnzako sitepe yoyamba", kapena mwana aliyense akhale ndi pepala lokutidwa pulasitiki ndi cholembera chofufutika, alembe yankho, onse akweze nthawi imodzi. M'masekondi 10 mwaona mitu yonse 14.

Tsopano pali chinthu chimene mabuku onsewa sanena, chifukwa analembedwa ku America: amaganiza kuti mwana amatha kale kuwerenga. Kuno simungaganize choncho. Kafukufuku wa PIRLS wa 2021, woyesa kuwerenga kwa ana m'maiko ambiri, anapeza kuti ana 81 pa 100 alionse a Giredi 4 mu South Africa satha kuwerenga momvetsa m'chilankhulo chilichonse. Mu 2016 anali 78. Kwathu zinthu sizili bwinonso: lipoti la World Bank la 2018 lokhudza maphunziro linanena kuti ku Malawi ana oposa anayi mwa asanu omaliza Sitandade 2 sankatha kuwerenga ngakhale liwu limodzi lodziwika. Mwana wa Giredi 6 amene akuwerenga ngati wa Giredi 2 mukhoza kum'funsa mafunso a sayansi Loweruka lililonse chaka chonse, osasuntha, chifukwa mphamvu zake zonse zikuthera pa kulumikiza zilembo.

Ndiye musanachite chilichonse mwa zimene ndatchulazi, yesani mwana aliyense payekha. Tengani nkhani ya m'buku la giredi yake imene sanaiwerengepo, mapepala awiri, lake ndi lanu. Ikani mphindi imodzi pa foni. Awerenge mokweza, inu muzidula mzere pa liwu lililonse limene walakwitsa kapena kudumpha. Akaima pa liwu masekondi atatu, muuzeni apitirire ndipo liwulo muliwerengere ngati cholakwa. Mphindi ikatha, werengani mawu onse amene wafika, chotsani olakwa. Kenako m'loleni amalize ndime, tsekani pepala, m'funseni mafunso atatu kapena anayi. Miyeso imene boma la kuno linaika pa Chingerezi ngati chilankhulo chachiwiri ndi mawu 50 olondola pa mphindi pomaliza Giredi 3, ndi 90 pomaliza Giredi 5. Wosafika 50 nthawi zambiri samvetsa zimene akuwerenga, kaya akhale wamkulu chotani. Wamng'ono amene sakutha ngakhale mzere woyamba, muyeseni maliwu a zilembo. Womaliza Giredi 1 amayembekezeka kutchula 40 pa mphindi. Musayese mwana wamkulu anzake akumvera, manyazi amatsitsa nambala.

Zotsatirazo ndizo zikuuzeni magulu, osati giredi. Njira imeneyi inayambitsidwa ndi bungwe la Pratham ku India ndipo imatchedwa Teaching at the Right Level: ana amagawidwa monga odziwa zilembo zokha, otha mawu, otha ndime, otha nkhani yonse, ndipo aliyense amaphunzitsidwa pamene ali. Abhijit Banerjee ndi Esther Duflo, amene analandira mphoto ya Nobel mu 2019 pamodzi ndi Michael Kremer, anafotokoza maziko ake m'mutu wa maphunziro wa buku lawo la 2011, Poor Economics. Mutu umodzi wokhawo ndi wokwanira, bwerekani bukulo. M'menemo mulinso kafukufuku wa ku Kenya amene anapeza kuti kugawa mabuku a Chingerezi m'sukulu kunathandiza ana okhoza kale okha, popeza enawo sankatha kuwawerenga. Kwa ana 14 magulu atatu akwana, ndipo wa matiriki akhoza kumvetsera ang'ono akuwerenga kwa mphindi 20 asanayambe zake.

Pa za kuno, buku lofunika ndi Early Grade Reading in South Africa la 2022, lokonzedwa ndi Nic Spaull ndi Elizabeth Pretorius. Brahm Fleisch wa ku yunivesite ya Wits analemba The Education Triple Cocktail mu 2018, kufotokoza kuti chimene chinasuntha kuwerenga m'sukulu za kuno ndi zinthu zitatu pamodzi: maphunziro okonzedwa tsiku ndi tsiku, mabuku oyenera msinkhu wa kuwerenga kwa mwana, ndi mlangizi woyendera mphunzitsi m'kalasi. Awa ndi olemera, olembera akatswiri anzawo, ndipo sindingakuuzeni kuti muwagule. Kawerengeni ku laibulale mitu imene ikukukhudzani.

Mudzafunsa za Chichewa, ndipo makolo ena adzakuuzani kuti chimasokoneza Chingerezi cha mwana. Umboni sukugwirizana nawo. Stephen Taylor ndi Marisa von Fintel anapeza mu 2016 kuti m'sukulu za kuno ana ophunzitsidwa m'chilankhulo chawo m'Giredi 1 mpaka 3 ankadzachita bwino pa Chingerezi m'Giredi 4 mpaka 6 kuposa oyambira Chingerezi. Eddie Williams anayerekeza Malawi ndi Zambia m'zaka za m'ma 1990: ana a ku Malawi, ophunzira m'Chichewa, ankawerenga chilankhulo chawo bwino kwambiri kuposa a ku Zambia, ophunzira m'Chingerezi, koma pa Chingerezi magulu awiriwa sanasiyane kwenikweni. Chifukwa chake n'chosavuta kumva. Chichewa chili ndi mavawelo asanu osasinthasintha, ndipo mwana akadziwa ba be bi bo bu, kenako mba, nkha, tsa, ng'a, watha kuwerenga liwu lililonse. Chingerezi chimalemba kamvekedwe kamodzi m'njira zingapo. Komabe ana anu amalemba mayeso m'Chingerezi ndipo inu muli nawo maola ochepa pa sabata, choncho kuwerenga kwa Loweruka kukhale kwa Chingerezi, Chichewa chikhale chofotokozera. Kuwerenga Chichewa kupite kunyumba, mphindi 15 madzulo ndi kholo. African Storybook, ya bungwe la Saide la kuno ku Johannesburg, ili ndi nkhani za ana m'Chichewa zaulere zotsegula pa foni. Za Chingerezi zosavuta zili kwa Book Dash ndi Nal'ibali. Mwana amene amalankhula Chichewa bwino koma wakanirira pa maliwu a Chingerezi, yesani kum'phunzitsa maphatikizo a Chichewa masabata angapo. Nthawi zambiri ndipo pamene amazindikira chimene zilembo zimachita.

Pali mabuku otchuka amene ndalama zanu zisapiteko. Lililonse lokuuzani kuti mwana uyu amaphunzira ndi maso, uyu ndi makutu, uyu ndi manja, lisiyeni: Harold Pashler ndi anzake anafufuza umboni wake mu 2008 ndipo sanapeze wokhutiritsa. Mapu amaphunziridwa poona ndi ana onse, katchulidwe pomva ndi ana onse. Chimodzimodzi chithunzi chija chonena kuti timakumbukira 10 pa 100 ya zowerenga ndi 90 pa 100 ya zophunzitsa ena; manambala amenewo alibe kafukufuku kumbuyo kwake. Visible Learning la John Hattie la 2009 linasonkhanitsa akafukufuku ophatikiza oposa 800 n'kuika njira zonse pa mndandanda umodzi, koma akatswiri a masamu a kafukufuku alidzudzula chifukwa chophatikiza zinthu zoyezedwa mosiyana, ndipo silikuuzani chochita Loweruka. Teaching and Learning Toolkit ya Education Endowment Foundation ya ku England imachita ntchito yofananayo kwaulere, ndipo imasonyeza mphamvu ya umboni pa njira iliyonse. Mindset la Carol Dweck lili ndi choona chake, koma chaching'ono: atayesa ophunzira oposa 12,000 ku America mu kafukufuku wofalitsidwa mu 2019, phindu linaoneka mwa ofooka, ndipo linali lochepa. Kulimbikitsa mwana kuti angathe n'kwabwino, koma sikum'phunzitsa tizigawo ta masamu.

Mukakumana ndi buku lina kapena wogulitsa pulogalamu ya pa foni akunena kuti "kafukufuku waonetsa", funsani zitatu. Anayerekeza ndi gulu liti? Anayesa liti, tsiku lomwelo kapena patatha masabata? Oyesedwawo anali ndani, ana ngati anu kapena ophunzira a ku yunivesite? Funso lachiwirilo lokha limagwetsa zambiri, monga mwaonera pa 83 uja amene anasanduka 40.

Mukadzafuna kuzama, How People Learn II la 2018 limapezeka laulere kwa National Academies Press, koma ndi lalitali ndipo si loyambira. How We Learn la Stanislas Dehaene limafotokoza bwino mbali ya tulo, kuti usiku ndi pamene ubongo umakhazikitsa zimene waphunzira masana. Ana a zaka 6 mpaka 12 amafunika maola 9 mpaka 12, achinyamata 8 mpaka 10. M'nyumba za chipinda chimodzi mmene TV imalira mpaka pakati pa usiku, iyi ndi nkhani yoti mukambe ndi makolo, ndipo wa matiriki amene akuchezera ndi khofi auzidwe kuti akudzibera yekha.

Kopeza: malaibulale a mzinda wa Johannesburg amalembetsa ndi chiphaso kapena pasipoti ndi umboni wa kumene mukukhala, funsani ku nthambi yapafupi ngati angakuitanitsireni buku kuchokera ku nthambi ina. Mabuku akale yesani kusitolo ya Collectors Treasury mu Commissioner Street. Atsopano ochokera kunja amadya mazana angapo a marandi, ndiye si zochititsa manyazi kupempha makolo 14 aja kuti asonkhe.

Maola awiri a Loweruka mukhoza kuwagawa motere: mphindi 10 mafunso a makope otseka, 30 kuwerenga m'magulu a msinkhu, 10 matebulo ndi maliwu, 10 kupuma, 45 ntchito ya kusukulu inu mutaonetsa chitsanzo chimodzi chathunthu pa bolodi, ndipo 15 zomaliza mwana aliyense alembe mafunso atatu pa timakadi, yankho kuseri, akadzifunse kunyumba Lachiwiri ndi Lachinayi. Sungani kope limodzi la nambala ya kuwerenga ya mwana aliyense, ndipo bwerezani muyeso wa mphindi imodzi uja pakatha masabata 6, pa nkhani ina yofanana kuvuta kwake. Mwana amene amabwera mokhulupirika koma nambala yake sinasunthe kawiri kotsatizana, pemphani kholo lipite naye kukliniki akamuyeze maso ndi makutu, ndipo mulembere kalata mphunzitsi wake wa kusukulu yokhala ndi manambalawo.